Mpini wa John Wayne

Agogo anga aamuna ankasema mipini. Atabwerako ku migodi ya kopa ya ku Luanshya, kumene kudathera unyamata wawo m'nthawi ya atsamunda, sadafune kukakhala kumudzi. Adamanga kanyumba ku Zingwangwa, m'munsi mwa phiri la Soche, ndipo ntchito ya ukalamba wawo idali imeneyo: kukhala pakhonde, kasemasema ali m'manja, tizibenthu ta mitengo tili mbwee pabwalo. Likafika Loweruka ankamanga mipini ija kamtolo, kuika paphewa, ulendo wa kumsika.

Sankasema mtengo wamba. Ankasakasaka pamene nthambi yakumana ndi thunthu, pomwe mtengo udapotana wokha pokula, chifukwa mutu wa mpini wochokera pamenepo sung'aluka msanga. Akatha kusema ankaika msuka wa nkhwangwa pamakala mpaka ufiire psuu, n'kuulasa pamutu pa mpini uja, utsi uli tolotolo. Pa nthawi ngati imeneyo ndi pamene ndidamva koyamba mwambi umene wanditsata mpaka lero.

"Nkhwangwa ikhulupirira mpini, mdzukulu wanga," adatero, maso ali pa ntchito yawo. "Koma udamvapo munthu akutama mpini? Mtengo ukagwa amati nkhwangwa iyi n'njakuthwa. Mpini ukathyoka amausonkhezera pamoto, nkhwangwa n'kuipezera wina."

Ine ndidali mwana ndipo mtima wanga udali kwina. Masiku amenewo, kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1990, dziko lino lidalibe wailesi yakanema yakeyake, pakuti Television Malawi idadzayamba mu 1999. Kanema wathu adali wa m'tizisakasa ta vidiyo: mabenchi a matabwa osapala, ziguduli zotchinga mazenera, thukuta ndi fungo la zitumbuwa, kunja kachikwangwani kolembedwa ndi choko kuti lero kuli Rambo, mawa Bruce Lee. Tinkalowa ndi tindalama tachitsulo totsala pogula parafini. Ndipo tonse tidali ndi chikhulupiriro chimodzi chosagwedezeka: ekita safa. Amuwombere, amukankhe kuchokera pamwamba pa nyumba yosanja, galimoto yake igubuduzike katatu, iye adzuka, asasa fumbi, n'kupitiriza. Tikatuluka tinkathamangira pa mulu wa mchenga wa munthu womanga nyumba, kukalimbirana kuti ekita akhale ndani. Palibe amene ankafuna kukhala wogwa. Komatu popanda wogwa sewero silikadatheka, choncho udindo umenewu unkagwera wamng'ono pa tonse, ndipo ndi iye amene ankapita kwawo ndi mabala m'zigongono.

Agogo ankamudziwa kanema kuposa momwe ndinkaganizira. Iwo ankati baisikopo. M'makomboni a m'migodi ya ku Copperbelt ankaonetsa panja usiku, khamu la anthu litakhala pansi, ndipo okondedwa koposa adali mafilimu a makauboyi. Ngwazi ya m'filimu, kaya dzina lake lenileni ndani, anthu ankangoitcha Jeki. Ana a m'komboni ankasema timfuti ta mitengo, anyamata ankavala zipewa zikuluzikulu n'kumayenda motang'adza ngati Jeki. Mayi wina wa ku America wofufuza za chikhalidwe cha anthu, Hortense Powdermaker, adakhala ku Luanshya komweko mu 1953 ndi 1954, ndipo za chikondi chimenechi adazilemba m'buku lake lotchedwa Copper Town.

Tsiku lina aneba athu adabwereka deki ndi tepi ya filimu yakalekale ya makauboyi, yopanda mitundu, ndipo agogo adavomera kukaonera nawo. Munthu atagwa pa hatchi yothamanga, ife tidaomba m'manja ndi kukuwa. Iwo adangoti duu. Tikubwerera kunyumba mumdima adandigwira paphewa.

"Iwe, munthu wagwa pa hatchi uja ndani?"

"Ndi mdani, agogo. Ekita wamuwombera."

"Sindikufunsa zimenezo. Ndikuti munthuyo. Mfuti ija n'njabodza, kufa kuja n'kunamizira. Koma kugwa sanamizira, mdzukulu wanga. Nthaka sidziwa kuti lija ndi sewero."

Awa adali mawu a munthu amene adaonapo thanthwe likugumukira anzake pansi pa mgodi. Ndidawasunga osawamvetsa, ndipo padapita zaka zoposa 20 ndisadapeze dzina loyankhira funso lawo. Sindikunena kuti amene tidamuona usiku umenewo adali mwini dzinalo. Ndikunena kuti pa anthu onse amene ntchito yawo idali kugwera anzawo, amene ku Hollywood amawatcha ma stuntman, mwini bwalo adali bambo wina wotchedwa Yakima Canutt.

Dzina lake lobadwa nalo lidali Enos Edward Canutt. Adabadwa pa 29 November 1895 pafupi ndi tauni ya Colfax, m'chigawo cha Washington, m'banja la alimi oweta ziweto. Adakulira pamsana pa hatchi monga momwe mwana wa ku Nkhotakota amakulira m'bwato. Asadakwane zaka 20 adali kale katswiri wa mipikisano ya makauboyi, ija yokwera mahatchi olusa osaphunzitsidwa ndi kugwetsa ng'ombe pozigwira nyanga. Ku Pendleton, m'chigawo cha Oregon, kumene kumachitika umodzi mwa mipikisano yotchuka kwambiri, adapambana ukatswiri wa zonse kanayi: mu 1917, 1919, 1920 ndi 1923. Ndi m'mabwalo amenewa momwe dzina loti Yakima, lomwe ndi dzina la dera lina la kwawoko, lidamumatirira mpaka lake lenileni kuiwalika.

Opanga mafilimu adamuona, ndipo m'zaka za m'ma 1920 iyenso adakhalapo ekita. Adali nkhwangwa. Nkhope yake idali pa zikwangwani, atsikana a m'filimu ankapulumutsidwa ndi iye. Koma adali mafilimu opanda mawu. Kanema atayamba kulankhula chakumapeto kwa zaka zimenezo, padaululika chinthu chimene chithunzi chinkabisa: mawu ake adali osasa ndi ofooka, chifukwa chimfine choopsa chimene adadwala ali msilikali wa pamadzi chidamuwononga pakhosi. Ngwazi ya mawu otero palibe akadaikhulupirira. Munthu wina akadabwerera kukaweta ng'ombe, kumakasimba za masiku ake abwino. Iye adatsika pa chikwangwani n'kulowa m'fumbi. Adayamba kusewera ngati chigawenga, kapena wachiwiri kwa bwana wa zigawenga, uja amamenyedwa chibakera filimu isadathe. Ndipo pakafika poti ekita alumphe kuchokera pa hatchi kupita pa ngolo yothamanga, kapena agwere mumtsinje kuchokera paphompho, Canutt ankavala chipewa ndi malaya a ekitayo, kutembenuzira nkhope kumbali, n'kuchita.

Mu 1932 adakumana ndi mnyamata wina wamtali amene panthawiyo adali asadatchuke, John Wayne. Kuyambira 1933 mpaka 1935 awiriwa adapanga limodzi timafilimu tambiri ta makauboyi totsika mtengo, tojambulidwa m'masiku owerengeka. Mu Sagebrush Trail Canutt ndi mtsogoleri wa achifwamba. Mu The Star Packer ndi mnzake wokhulupirika wa ekita. M'mafilimu ngati amenewa zinkachitika kuti chigawenga chothawa ndi iye, ndipo ekita wochithamangitsa, akamaoneka chapatali pa liwiro loopsa, ndi iyenso. Wayne mwiniwake sankabisa kuti kayendedwe kake kotchuka kaja ndi kalankhulidwe kake kodekha adaziphunzira poonerera Canutt. Ndiye kuti anyamata a ku Luanshya aja, poyenda motang'adza kutsanzira Jeki, mwina ena ankatsanzira munthu amene dzina lake sadalimvepo.

Awiriwa ndiwonso adakonza kamenyedwe ka m'kanema kamene tikuonera mpaka pano. Kale ochita sewero ankangogwirana, kukankhana ndi kumenyana m'mapewa zenizeni, zopweteka koma zosaoneka bwino. Iwo adazindikira kuti ukaika kamera pamalo oyenera, chibakera chingathe kudutsa kutsogolo kwa nkhope osaikhudza, womenyedwayo n'kugwetsa mutu chagada pa nthawi yake, ndipo woonera amalumbira kuti chafika. Aliyense amene adakuwapo m'kachisakasa ka vidiyo ku Ndirande kapena ku Bangwe poona chibakera cha Chuck Norris adakuwira nzeru imeneyi.

Koma ngati pali mphindi imodzi imene munthuyu adzakumbukiridwe nayo, ili mu filimu ya John Ford ya 1939 yotchedwa Stagecoach. Ndaionera pafoni kambirimbiri, ndipo nthawi zonse m'mimba mumandizizira. Ngolo yonyamula anthu, yokokedwa ndi mahatchi 6 omangidwa awiriawiri, ikuthawa pachidikha chouma, ankhondo a mtundu wa Apache akuithamangitsa. Mmodzi wa iwo akufika pambali pa mahatchi akutsogolo, n'kulumpha kuchoka pa hatchi yake kukatera pa imodzi mwa yokoka ngoloyo. Ekita akumuwombera. Iye akugwera pakati pa mahatchi awiriwo, n'kugwira mtengo wautali wapakati umene amamangirirapo mahatchi, msana ukukhwekhwereza pansi. Akumuwomberanso. Akutaya mtengo uja. Ndiyeno mahatchi onse akumudutsa, ziboda zikugunda nthaka kumanja ndi kumanzere kwa mutu wake, kenako ngolo yonse ikumudutsa pamwamba, mateyala mbali iyi ndi mbali iyo. Fumbi likamachepa mukumuona ali gone kumbuyo, kenako akudzigwedeza pang'ono. Kamera sidaphethire, ndipo chidole padalibe. Adali munthu wa zaka 43, wa mkazi ndi ana.

Woonera wamba amati kumeneku n'kulimba mtima, kapena misala. Ine ndikuona mmisiri. Canutt ankadziwa kuti mahatchi akamathamanga pang'onopang'ono amayenda mokhotakhota, ndipo kampata kapakati kaja kamatsekeka. Akathamanga ndi liwiro lonse amawongoka ngati chingwe. Choncho chitetezo chake chidali mu liwiro lomwelo limene ife timaliopa. Ankadziwa kutalika kwa mimba ya ngolo kuchokera pansi, ankadziwa kuti manja ayenera kufumbatidwa pathupi, kuti bondo likangodzuka pang'ono chitsulo chilithyola. Zonse adaziyeza asadagone pansi paja. Wakwata kwa mphenzi saopa kung'anima, koma uyu adayamba waphunzira kaye kumene mphenziyo imagwera. Ndipo kuti tidziwe kuti sizidali zamasewera: patapita zaka zoposa 40, katswiri wina wa ntchito yomweyi, Terry Leonard, adayesa kubwereza zimenezi mu filimu ya The Legend of the Lone Ranger, ndipo ngolo idamuponda miyendo n'kumuvulaza kwambiri.

Pali china mu mphindi imeneyi chimene chimandikhudza koposa liwiro. Patangopita kanthawi, woyendetsa ngolo wavulala, zingwe zagwa, ndipo ekita, John Wayne, akulumpha kuchoka pa ngolo kupita pa mahatchi akumbuyo, kuchoka apo kupita pa apakati, mpaka pa akutsogolo, kuti akagwire zingwezo. Wolumphayo ndi Canutt yemwe uja. Munthu mmodzi adali mwini nthaka wophedwa, adalinso mzungu wopulumutsa. Thupi limodzi lidanyamula mbali zonse ziwiri za nkhani, ndipo pa mndandanda wa mayina wa filimuyo dzina lake palibe. Filimu imeneyi ndi imene idasandutsa John Wayne kukhala dzina lodziwika dziko lonse.

Ndikaganiza za makamu a m'makomboni aja, anthu a ku Nyasaland ndi a ku Northern Rhodesia olandidwa ulamuliro m'dziko lawo lomwe, akuomba m'manja pamene eni nthaka a ku America akugwa pa mahatchi, mtima umandiwawa. Sindikuwaweruza. Munthu wotopa ndi shifiti ya pansi pa nthaka amafuna kuona wina akupambana, ndipo filimuyo idakonzedwa kuti maso apite kwa wachipewa choyera. Koma funso la agogo lija likundionetsa kuti si onse amene ankayang'ana kumene ankauzidwa kuti ayang'ane. Ena, odziwa kulemera kwa thupi likamagwa, maso awo ankatsalira m'fumbi.

M'chaka chomwecho cha 1939 mudatuluka Gone with the Wind. Pamene mzinda wa Atlanta ukuyaka, ndipo ngolo ya hatchi imodzi ikudutsa pafupi ndi chinyumba chimene chikugwa ndi moto, woyendetsa amene timati ndi Clark Gable ndi Canutt. Moto umenewo udali weniweni. Adatentha zinyumba zakale za pamalo ojambulira. Mu filimu yomweyo amaonekanso ndi nkhope yakeyake kwa kamphindi, ngati wachifwamba wopanda dzina amene akuukira mzimayi pamlatho. Chigawenga ndiye nkhope yake. Ngwazi ndiye msana wake wokha.

Mpini umatha. Mu 1940, akugwira ntchito m'malo mwa Gable yemweyo mu filimu ya Boom Town, hatchi idadzuka n'kumugwera chagada, chinyanga cha chishalo n'kumuvulaza matumbo, ndipo adatsala pang'ono kufa. Mu 1943, pojambula filimu ya Roy Rogers yotchedwa Idaho, adathyoka miyendo yonse iwiri pa akakolo. Apa ndi pamene, malinga ndi mawu a agogo aja, akadasonkhezeredwa pamoto. Ndipo ambiri a anzake zidawathera choncho: olumala, oiwalika, ena kufera pantchito, mawa lake chipewa chomwecho n'kuvekedwa wina.

Apa ndi pamene ndimabwerera ku mwambi uja n'kuumvetsera bwino. Kwa zaka zambiri ndinkaumva ngati dandaulo, ngati kulira kwa munthu wosayamikidwa. Koma mwambiwo sukuti nkhwangwa idyera mpini masuku pamutu. Ukuti ikhulupirira. Ndi mawu aulemu amenewo. Chitsulo, ndi kuthwa kwake konse, chaika moyo wake m'manja mwa mtengo, ndipo mtengowo ukakhala wosasemedwa bwino, nkhwangwa imaguluka n'kukatema mwendo wa mwini wake kapena mwana amene waima pafupi. Kukhala mpini si tsoka. Ndi luso, ndipo ndi udindo. Choipa si chakuti mpini suoneka, pakuti dzanja likaugwira uyenera kubisika. Choipa n'chakuti anthu amauyesa nkhuni.

Moyo wonse wa Canutt udali kukana zimenezi. Iye asadabwere, ntchitoyi inkachitika motere: apeze kauboyi wosowa ndalama, amulonjeze kangachepe, atseke maso, alumphe. Akapulumuka ndi mwayi wake. Canutt adaisandutsa ntchito ya miyeso ndi zipangizo. Adakonza chopondera chotseguka mbali imodzi kuti phazi lisakodwe munthu akamagwa pa hatchi. Adakonza zingwe ndi malamba obisika m'malaya, zokokera munthu chambuyo ngati waomberedwa popanda kumuthyola msana. Adakonza njira yomasulira mahatchi ku ngolo pa kamphindi komaliza, ngoloyo n'kugubuduzika payokha pamalo amene kamera ikudikira. Thupi litakana, adakhala wotsogolera kujambula zigawo za nkhondo ndi za liwiro m'mafilimu akuluakulu: Ivanhoe, Spartacus, El Cid, Khartoum, Where Eagles Dare. Mpini udasanduka wosema mipini.

Sindifuna kumuyeretsa kuposa momwe adalili, chifukwa nayenso adali ndi mipini yake imene sinkatha kulankhula. Mahatchi aja timawaona akugwa chamutu mu Stagecoach sankagwa mwa kufuna kwawo. Ankawamanga waya kumiyendo yakutsogolo, mbali ina ya wayayo itamangidwa pa chikhomo chozikidwa pansi. Hatchi imathamanga ndi mtima wonse, osadziwa kanthu, waya n'kutha, miyendo n'kukokedwa mwadzidzidzi. Wokwerayo ankadziwa pamene agwere ndipo ankakonzeka. Hatchi sinkadziwa. Njira imeneyi idapha ndi kulumaza mahatchi ambiri ku Hollywood, ndipo Canutt adali mmodzi wa akatswiri ake. Zidatengera mkwiyo wa anthu, makamaka hatchi ina itafa poigwetsera kuphompho pojambula filimu ya Jesse James mu 1939, kuti bungwe la American Humane Association liyambe kuyang'anira kajambulidwe, ndipo pang'onopang'ono anthu adayamba kuphunzitsa mahatchi kugwa okha pamalo ofewa. Aliyense amene amagwera mnzake ali ndi wina pansi pake amene akumugwera iye. Ndi chinthu chimene ndimachiopa ndikamadziona ngati wosayamikidwa: kodi ine ndamanga waya kumiyendo ya yani?

Pachimake pa ntchito yake padali ku Rome, m'mabwalo ojambulira a Cinecittà, pa mpikisano wa magaleta wa mu Ben-Hur, filimu ya 1959. Ambiri a ife tidaionera nyengo ya Pasaka. Canutt, pamodzi ndi Andrew Marton, ndiwo adatsogolera chigawo chimenechi, cha mphindi pafupifupi 9 zokha koma chotenga miyezi kukonzekera. Adaphunzitsa mahatchi, adaphunzitsa oyendetsa, adaphunzitsa Charlton Heston kugwira zingwe za mahatchi anayi. Heston ankakonda kusimba kuti atadandaula zoti sangathe kupambana akatswiri enawo, Canutt adamuuza kuti iye angoonetsetsa kuti asagwe m'galeta, za kupambana azisiye m'manja mwake. Nkhwangwa ikhulupirira mpini.

Koma pali malo amodzi pamene galeta la ekita liyenera kulumpha zibenthu za galeta lina losweka. Pamenepo Heston sakadakwera. Amene adavala zovala zake adali Joe Canutt, mwana wa Yakima. Galeta lidagunda, lidanyamuka m'mwamba kuposa momwe ankayembekezera, ndipo mnyamatayo adaponyedwa kutsogolo, miyendo m'mwamba, kulunjika pakati pa galeta ndi ziboda za mahatchi anayi othamanga. Bambo ake adali pomwepo, akuyang'ana, ndipo ndi iwo amene adakonza zonsezo. Ndimayesa kuganiza za kamphindi kameneko. Munthu amene adagonapo pansi pa mahatchi 6 mtima uli m'malo, tsopano waima poteteza, ndipo amene ali m'malere ndi mwana wobereka yekha. Joe adapulumuka ndi bala la pachibwano. Opanga filimu adaona kuti ngoziyo n'njokongola kuposa zimene adakonza, adaisunga, n'kulumikizapo chithunzi chapafupi cha Heston akukwereranso m'galeta. Mukadzaioneranso mudzayang'ane bwino: wogwayo ndi mwana wa Canutt, wodzukayo ndi Heston. Filimuyo idalandira mphoto za Oscar 11, imodzi mwa izo ya Heston.

Ulemu udamupeza mochedwa, koma udamupeza ali moyo. Mu 1967 adapatsidwa Oscar yapadera, chifukwa cha ntchito yake komanso chifukwa cha zipangizo zimene adakonza zotetezera anzake a ntchitoyi, ndipo amene adamupatsira pa nsanja adali Heston. Adamwalira pa 24 May 1986 ali ndi zaka 90, imfa ya pamphasa, chinthu chimene kwa munthu wa ntchito yake ndi umboni waukulu kuposa mphoto. Koma Oscar yokhazikika ya ntchito imeneyi kudalibe, ndipo ndi mu 2025 momwe eni ake a Oscar adalengeza kuti iyamba kuperekedwa mu 2028, pa mwambo wawo wa nambala 100. Pakadali pano nthaka sidaphunzirebe kuti lija ndi sewero. Mu 2015, ku South Africa, Olivia Jackson, akuyendetsa njinga yamoto m'malo mwa Milla Jovovich pojambula Resident Evil: The Final Chapter, adawombana ndi chitsulo chonyamula kamera, ndipo pamapeto pake adadulidwa mkono wamanzere.

Ndikamayenda m'Zingwangwa masiku ano ndimawaona anthu a mtundu wa Canutt, ngakhale palibe kamera yowajambula. Mnyamata wolendewera pachitseko cha minibasi, phazi limodzi m'malere. Womanga amene waima pa timitengo ta bulugama tomangidwa ndi waya, akupaka pulasitala nyumba imene idzatchedwa ndi dzina la wina. Adzukulu amene amalawirira kumanda kukadali mdima, n'kulowa m'dzenje la dothi lonyowa, pamene olankhula pamaliro akusita majekete. Mu March 2023, namondwe wa Freddy atagumula phiri la Soche, matope ndi miyala n'kukwirira nyumba ku Chilobwe ndi madera oyandikana nafe, oyamba kufika adali anyamata a m'makwalala momwemu, ndi makasu, mafosholo ndi manja. Mipini yeniyeni idathyoka tsiku limenelo. Sindikuwafunira zikwangwani; ambiri a iwo sangazifune n'komwe. Ife Achewa timadziwa bwino kuti pali ntchito zina zimene mwini wake satchulidwa, ndipo pabwalo la gule palibe wanzeru amene amafunsa dzina. Koma kumeneko kusatchula ndi ulemu, ndipo mudzi umasamala zake. Chimene ndikuwafunira ndi chimene Canutt adafunira anzake: lamba womangira m'chiuno, thabwa lolimba popondapo, munthu woyeza kaye asadatume mnzake, ndi wina wowayang'ana akathyoka. Mnzako akapsa ndevu m'zimire, makamaka ngati wapsa akukuphikira.

Ndimawaonanso ana a masiku ano akujambula timafilimu tawo ndi foni kuseri kwa msika, karate ndi mfuti za mitengo, wina akulumpha kuchoka pa mpanda wa njerwa kugwera pa nthaka youma gwa. Tsiku lina ndidaima n'kuwafunsa kuti bwanji osayala kaye makatoni kapena matumba a utuchi pogwerapo. Adandiyang'ana modabwa, kenako wamkulu pa iwo adati, "Zoona, ankolo." Wogwayo adali wamng'ono pa onse, monga kale.

Agogo adali ndi mwambo umodzi umene sankauphonya. Munthu akabwera ndi nkhwangwa kuti amuikire mpini, sankamupatsa atangomaliza. Ankapita nayo kuseri kwa nyumba kumene kudali chitsa chakale, n'kutema katatu ndi mphamvu zawo zonse, mwini wake ataima patali. Ikati iguluke, igulukire iwo. Akatero ankayendetsa chala pamutu pa mpini kufunafuna mng'alu, ndipo akaupeza, ngakhale waung'ono ngati tsitsi, ankauchotsa mpiniwo n'kuyambanso, osaonjezera mtengo.

Adamwalira ndisadamalize sukulu ya sekondale, ndipo za Yakima Canutt sindidawauzepo. Nkhwangwa yawo ili kwathu mpaka lero, kuseri kwa chitseko cha khitchini. Chitsulo chake adagula kwa wosula wina ku Luanshya. Mpini umene adasema okha udathyoka kalekale, ndipo mayi anga, posowa nkhuni tsiku lina la mvula, adauphikira nyemba. Taikapo mipini ina itatu kuchokera pamenepo, yogula kumsika kwa anthu amene sitikuwadziwa. Ana anga akaifuna amati, "Tibwerekeni nkhwangwa ya agogo."